Mkuyu wa M'chithunzi

Mkulu wina kuno ku Chikwawa satopa kunena zoti ali mnyamata ankalondolera azungu ofufuza mbalame m'mapiri a Thabwa. Mbalame ikalira, amadula nkhani n'kukweza chala. "Imeneyo ndinawaonetsa ndine!"

Chaka chatha kunabwera mtsikana wa kuyunivesite ndi chithunzi chakale cha mkuyu umene mbalamezo zinkamangamo zisa. "Agogo, kandionetseni mtengowu."

Mkuluyo anadandaula za mawondo, koma anzake a pabawo anamuseka. "Katswiri uja si inu? Kwerani!"

Anakwera phiri limodzi ndi mtsikanayo. Pamalopo anapeza chitsa ndi dothi lakuda pomwe anawotcherapo makala.

"Anachita zimenezi ndani?" anafunsa mtsikanayo.

Mkuluyo anavula chipewa n'kuzolika. "Mwananga, kunali njala. Nkhwangwa yake ili kwanga, kuseri kwa chitseko."