Adada, Mjeremani wanu uja wasiya mpira

Adada, lero ndaona pa foni kuti wosewera wa ku Jeremani amene munkamukonda uja wasiya mpira. Munayamba kumutsata ali wachinyamata, akutchinga kumbuyo mu timu ya kwawo. Atagulidwa ndi timu yaikulu munasangalala. Atavulala bondo n'kutsikira mu ligi yaing'ono simunamutaye, ngakhale anzanu a ku Euthini ankakusekani.

Ndakumbukira Loweruka lija masana, muli m'chipatala pa Boma. Munali mutakana chakudya masiku awiri, koma munandigwira dzanja n'kufunsa kuti, "Mwana wane, taona pa foni yakoyo, amulowetsa lero?" Ndinayang'ana, n'kukuuzani kuti wasewera mpaka kumapeto. Munamwetulira. "Yewo chomene, ndiye kuti bondo lapola," munatero, kenako munapempha supuni n'kumwa phala lonse. Lachiwiri lake munatisiya.

Adada, ndinakunamizani. Tsiku limenelo anangokhala pa benchi, sanalowe n'komwe. Zaka zitatu zapita ndisanauzepo munthu, ngakhale amama. Munatilera modana ndi bodza, ndipo limeneli limandilemerabe. Koma atandibwezera pambali pa bedi lija lero, ndingakuyankheni chimodzimodzi. Pumulani bwino, Adada.