Bokosi la ma CD a malemu bambo

Anzanga, Layson ndinakumana naye pamsika wa pa Boma, m'kashopu kake koikira nyimbo m'mafoni. Ndinamva gitala ikulira, ndinangoima chilili. Inali rock yakale ija ankaikonda malemu bambo anga.

"Mukuidziwa, sister?"

"Kwathu ilipo CD yake yeniyeni. Bokosi lathunthu."

Basi chibwenzi chinayambira pomwepo. Amanditenga ku Chia kukadya chambo, ine kumangosekerera ngati chitsiru. Ankati iye sakopera nyimbo mwachisawawa. Amatulutsa zonse zili mu CD osazifinya, akuti FLAC, ndipo ku Lilongwe kuli madala ena amene samvera china chilichonse.

"Zuhura, CD imakalamba. Bwera nazo, ndikusungire nyimbo za mdala wako mpaka kalekale."

Vuto linali lakuti amalume a Swaleh analamula kuti katundu wa malemu asakhudzidwe mpaka tsiku la arobaini, la 40 chimwalirireni, pomwe abale adzagawane. Komanso bokosilo bambo analonjeza achimwene anga a Amiri a ku Joni. Anthu a mtima wapachala amenewo!

Ndinalitulutsa mayi ali kumpunga, nditalikulunga m'chitenje, n'kukampatsa Layson.

"Watha?" ndinkafunsa tsiku ndi tsiku.

"Dekha babe, zina zili ndi ma scratch. Ukathamanga zimatuluka ndi ma error."

Chakudya chimandikanika. Mayi akangoyandikira chipinda cha malemu, ndimathamanga kukawasokoneza ndi nkhani zina.

Dzulo analibweza. Kutsegula chikuto choyamba... CD yoyera mbee, dzina lolembedwa ndi marker. Chachiwiri chimodzimodzi. Zonse!

Ndinamuimbira pompo.

"Zenizeni zili kuti?"

"Zapita ku Lilongwe kwa madala aja. Koma usadandaule, ndakubenera bwinobwino pa ma CD atsopano. Khutu silingasiyanitse."

"Layson, zija bambo anga ankazigwira ndi manja awo!"

Anadula. Mpaka pano nambala yake sikupezeka.

Arobaini ndi mawa. Achimwene afika masana ano, ndipo asanamwe n'komwe madzi afunsa za bokosi. Amalume awauza kuti adikire, lidzatsegulidwa pamaso pa aliyense.

Ndikulemba izi nditabisala kuseri kwa bafa. Mayi angondiitana kumene:

"Zuhura, tabwera udzapukute bokosi la abambo ako, mchimwene wako akalilandire loyera."

Ndawayankha kuti ndikubwera. Koma ndikadali kuseri kwa bafa konkuno, anzanga. Ndikuopa.