Mbewa za Azakhali

Izi zimandiluma mpaka lelo. Aphunzitsi atatu atsopano atabwela pasukulu pathu kuchokela ku Kopala, ndinadzipeleka kuwayendetsa mumsika wa Petauke kuti alaweko zakudya zathu. Tinadya vitumbuwa, chikanda, chinangwa chootcha. Njila yonse ankaseka kuti akum'mawa timadya mbewa, ine n'kumati, "Aa, zakumudzi izo."

Titakhota, tinapeza azakhali anga a ku Msanzala, amene anandilela, akugulitsa mbewa m'beseni. Ndinayamba kudinadina foni.

Anandiyang'anitsitsa, kenaka anati, "Bambo aphunzitsi, simugulako?"

"Ayi amai, zikomo," ndinatelo, malovu ali tho m'kamwa.

M'mawa mwake ananditumizila mbewa kunyumba, zothila mchele mmene ndimakondela. Ndinadya zonse, chitseko nditakhoma.