Mphindi Zitatu za a Ellard

A Ellard Kamwendo ndagona nawo chipinda chimodzi zaka zinayi, m'nyumba za kampani yathu ya alonda. Ulonda sanaubadwire. Ku Blantyre anali wojambula pa wailesi ya kanema. Anawaphunzitsa ndi a Torsten, mzungu wa ku Sweden amene anabwera kudzajambula njala ya mu 2002, nawatenga kuti azinyamula miyendo ya kamera. Lamulo la mzunguyo anatibwerezera mpaka makutu kuwawa: chinthu chikayamba kuchitika, dzanja lisanjenjemere, usadule, gwira chithunzi mpaka chithe.

Ntchito itawathera kumudzi, anabwera ku Dubai ndi mtima umodzi, wodzagwiranso kamera. Makalata analemba ambirimbiri, yankho ayi. Anathera pa hotela ina ku Al Garhoud, m'kachipinda kozizira, kuyang'anira makamera a chitetezo. Tinkawaseka kuti ndi bwana wa kanema wopanda oonera. Iwo sankasamala. Tsiku lonse ankatembenuza makamerawo ndi kandodo, kusakasaka kuwala kwabwino, kuti diso lisaiwale ntchito.

Masana ena mu Ogasiti, dzuwa likuswa mtengo, Grey, bambo wa ku Mulanje amene ankasesa poimika magalimoto, anayamba kudzandira. A Ellard anamuona. Dzanja linachita zomwe linaphunzira: linakoka chithunzi pafupi, kumuika munthu pakati, kumutsatira mpaka anagwa, tsache lili m'manja. Wailesi yoitanira thandizo inali pafupi ndi chigongono chawo. Anaigwira patapita mphindi zitatu.

Grey anamwalirira mu ambulansi. Bwana wathu ataonera kanemayo anawasisita a Ellard paphewa, nawathokoza m'Chiarabu. "Shukran, habibi. Zonse zikuoneka bwino, khalas, nkhani yatha." Za mphindi zija palibe anafunsa.

Ine ndinakwiya, ndipo mkwiyowo sunathe. Ndinawafunsa m'basi pobwerera: "Achimwene, munkadikira chiyani?"

"Sindinkadikira, mphwanga," anayankha. "Ndinkajambula."

Sabata yomweyo anapempha kuti awachotse m'kachipindamo. Tsopano amaima pageti, padzuwa, ndipo dzina la a Torsten sindinalimvenso pakamwa pawo.

Maliro atafika ku Mulanje, Edinah, mkazi wa Grey, anawaimbira foni. Zithunzi zomwe mwamuna wake ankatumiza zinali zosaoneka bwino, ndiye anati:

"Alamu, ndamva kuti inu ndinu odziwa kujambula. Simunawajambuleko bambo a ana anga ngakhale kamodzi?"

A Ellard anati ayi.