Salimo lalitali ndi thalauza la Anti Nyirongo

Ndikukumbukira holo ya ku Tottenham, mu mzinda wa London, imene mpingo wathu unkapempheramo ndili mtsikana wa kupulaimale. Sinali yathu. Ife tinkaibwereka m'mawa, masana n'kulowamo abale a ku Ghana ndi ng'oma zawo. Inkanunkha mankhwala okolopera ndi majekete onyowa, ndipo mapaipi otenthetsera ankalira ngati m'mimba mwa munthu wosala kudya.

Chaka china kunabwera amalume a Gibisoni, mlongo wawo wa amayi, kuchokera ku America. Kumeneko ankayendetsa galimoto ya seneta wina, mmodzi mwa akuluakulu opanga malamulo a dzikolo. Amalume sankatha kumaliza mbale osatchula bwana wawoyo. Ankati bwanayo anakulira m'nyumba yothonya, anadziphunzitsa ndi maganyu, n'kukhala loya woimira anthu othamangitsidwa m'nyumba za lendi. Anthu omwewo ndi amene anadzamuvotera. Zonsezo zinkangondidutsa, kupatula chimodzi.

"Kumeneko, iwe Thoko," anatero amalume akundiloza ndi fupa la nkhuku, "seneta akaimirira palibe womukhazika pansi. Akaona kuti lamulo ndi loipa, amangolankhula mpaka nthawi yovota ithe. Bwana wanga tsiku lina anawawerengera ngakhale kaphikidwe ka nyemba."

"Ndiye mpaka kulandira malipiro, alamu?" anafunsa bambo.

Ine sindinaseke. Ndinasunga mawuwo mumtima.

Masiku omwewo mumpingo munabuka nkhani ya Anti Nyirongo, aphunzitsi athu a Sande sukulu. Anali namwino pachipatala chachikulu cha ku Edmonton, ndipo Lamlungu ankatsika basi akuchokera kuntchito, maso ofiira, atavala thalauza la yunifolomu. A Zulu, mkulu wa mpingo, anati mayi wa thalauza sangaimirire pamaso pa ana ndi Mawu a Mulungu. Anaitanitsa msonkhano woti mapemphero akatha avote, Anti achotsedwe. Ndinazimva amayi akudandaula pafoni kukhitchini. Kwa ife ana linali tsoka. Anti ndi amene ankatilola kuunjika mipando ngati linga la Yeriko n'kuigwetsa ndi mfuu, ndipo m'chikwama mwawo simunkasowa mabisiketi.

Tinali ndi mwambo wakuti msonkhano usanayambe, mwana mmodzi awerenge Baibulo, ndime yosankha yekha. Tonse tinkathamangira tindime tifupitifupi. Lamlungu la msonkhanowo inali nthawi yanga. Ndinapita kutsogolo ndi Baibulo la Chichewa la amayi, lachikuto chomata ndi selotepi, ndipo ndinatsegula pakati penipeni, pa salimo lija lalitali kuposa onse.

Muyenera kudziwa kuti Chichewa changa nthawi imeneyo chinali cha mwana wa ku London. Kumva ndinkamva, koma lilime linkakana. Liwu lililonse ndinkalikwera ngati phiri. Ndikaphonya, amayi a mvano a kutsogolo ankandikonza onse pamodzi, ndipo ine mwaulemu wonse ndinkabwerera poyambira vesi. Nthawi zina a ku Chipata ndi a ku Dedza ankasiyana pa katchulidwe, n'kuyamba kukonzana okhaokha, ine nditangoima ndi nkhope ya mngelo.

Nditatembenuza tsamba, a Zulu anatsokomola. Anayang'ana wotchi yapakhoma, anayang'ana bambo. Bambo anali atagwira pachipumi ngati ozama m'pemphero. Koma ndani akanadula mwana pakati pa Mawu, pomwe a Zulu omwewo ankalalikira mlungu uliwonse kuti ana athu akutaya chinenero? Gogo wina wa mpango woyera anayamba kuvomera "Ameni" pa vesi lililonse, misozi ikutsika. Mkulu wina kumbuyo anagona ngati mnyamata uja wa pawindo pa ulaliki wa Paulo, mwayi wake holo yathu inali yapansi.

Tiyi amene ndinamwa m'mawa anayamba kundikumbutsa za iye. Amalume anali atanena kuti seneta akangotuluka, mwayi wake watha. Ndinapanikiza mawondo, ndikupempha Iye amene anaimitsa dzuwa pa Gibeoni kuti lero lokha alithamangitse.

Ndipo chipulumutso chinachokera ku Ghana. Ng'oma inagunda chitseko, azimayi a zipewa zazikulu anayamba kusuzumira, woyang'anira holo akugwedeza makiyi.

"Mwana, Ambuye amva," anatero a Zulu ndi mawu olema. "Zotsalazo ukamalizire kunyumba."

Tinatuluka titanyamula mabuku a nyimbo, voti osachitika. Pokwerera basi Anti anandipatsa bisiketi, mapewa awo akugwedezeka ndi kuseka. M'basimo, titadutsa msika, bambo anati, "Poti salimolo walikonda chonchi, a seneta, uliloweza lonse." Amalume anaseka mpaka woyendetsa anatiyang'ana pagalasi.

Akuluakulu amati mlandu suola, koma uwu unaola. Lamlungu lotsatira kunali ubatizo, kenako ukwati, kenako maliro, ndipo pamene zinatha palibe amene anafuna kuudzutsanso. Anti anatiphunzitsa mpaka tsitsi lawo linayera. Ine chilango changa chinanditengera nyengo yonse yozizira, ndipo ndi mmene Chichewa chinakhalira pakamwa panga. Mavesi amene ndinawagwiritsa ntchito ngati mpiringidzo wa pachitseko ndi amene anadzandigwira dzanja pamene bambo ankadwala. Mulungu amadziwa kukolola ngakhale pamene mwana wafesa mwachinyengo.

Seneta uja anapuma ntchito kalekale osadziwa kuti anali ndi wophunzira ku Tottenham. Lero mpingo uli ndi nyumba yakeyake, palibe wogogoda ndi ng'oma, choncho misonkhano yathu ilibe mpulumutsi. Theka la amayi amabwera ndi mathalauza, ndipo ana amawerenga pafoni, m'Chingerezi. Mwambo wa mwana wowerenga tikadali nawo. Kusiyana kwake n'kwakuti tsopano ine ndili m'komiti, ndipo ndime ndimawasankhira ndine.