Makina obweza Lachiwiri

Achimwene anga anagwira ntchito zaka zambiri mu labu ya sukulu ina ya sekondale ku Katete. Sanali mphunzitsi ayi. Ankatsuka mabotolo ndi kukiya chitseko ana akaweruka. Atapuma ntchito anabwerera kumudzi kwathu kufupi ndi Sinda, atasenza katoni ya timachubu tagalasi timene sukulu inataya.

Alamu anga, akazi awo, anamwalira Lachiwiri lina m'dzinja. M'mawa anadandaula mutu, achimwene n'kuti, "Imwani mapilitsi, ndikamaliza kupopera thonje tipita kuchipatala." Pochoka kumunda anapeza anthu atadzaza pakhonde.

Patapita miyezi anayamba kumanga chinthu m'khitchini ya malemu. Wotchi yapakhoma, mawaya, timachubu tija atathiramo madzi amitundumitundu, lamba wa mphira ndi gudumu la njinga lopukusa ndi dzanja. Ukapukusa, mivi ya wotchi inkayenda chobwerera.

"Ichi n'chiyani, achimwene?" ndinawafunsa.

"Chobweza masiku. Sindikufuna zambiri, mphwanga. Lachiwiri limodzi basi. Thonje lija ndilisiye."

"Zaka zonse zija mu labu, mwatulukamo ndi zopusa izi?"

"Iwe sayansi unalephera. Tseka pakamwa."

Kulephera ndinalepheradi. Koma chimene sindinaone nthawi imeneyo n'chakuti chiyambire kumanga makinawo, achimwene ankadya, ankasamba, ankameta ndevu. Ine ndinkangoona manyazi anga.

Dzinja lotsatira kunagwa ng'amba. Chimanga chinapota masamba chisanamasule. Mkazi wanga anabwera kuchokera kumjigo ndi nkhani: anthu akuti wotchi yoyenda chobwerera ndiyo yamanga mvula. Pagolosale amuna ena anali atayamba kale kukamba za petulo. Ndinaonapo zimene anthu amachita kwa nkhalamba imene aiganizira kuti yamanga mvula, ndipo sindifuna kuzilemba pano. Ndinachita mantha. Vuto langa n'lakuti mantha anga amatuluka ngati mkwiyo, chibadwire.

Ndinatenga mpini wa khasu dzuwa lili paliwombo, n'kutsegula chitseko cha khitchini kuti aliyense aone. Ndinaphwanya zonse. Magalasi anauluka, madzi obiriwira anayenderera pansi. Ndikumenya ndinkakuwa mawu oipa, ena okhudza malemu. Achimwene sanandigwire dzanja. Anawerama, anatola muvi wautali wa wotchi, anauika m'thumba la malaya, n'kukakhala pansi pa mtengo wa mango.

Tsiku limenelo sanadye. Mawa lakenso. Pa tsiku lachinayi mvula inagwa, ndipo anthu anayamba kundiyamika panjira. "Mwatipulumutsa, bambo!" Mmodzi ndinatsala pang'ono kumuthyola mano.

Sabata itatha ndinawakweza achimwene pa njinga yamoto kupita nawo kuchipatala. Anesi anawayeza n'kunena kuti matenda palibe, munthuyu akungofunika kudya. Ngati ine sindikudziwa! Tinabwerera. Mkazi wanga ankawaphikira phala la nsinjiro, phala n'kuzizira pampando, nkhuku n'kudya. Masaya analowa. Ndinawakalipira, ndinawachonderera, ndinawakalipiranso. Ankangondiyang'ana ngati akuyang'ana chitsa.

"Munaphwanya ndinu," anatero mkazi wanga. "Konzani ndinu. Kapena yambani kufuna matabwa a bokosi."

Ndinakwera minibasi kupita ku Katete. Wotchi ndinaipeza m'sitolo ya Msilamu wina pafupi ndi msika. Timachubu kunalibe, ndiye ndinatola timabotolo ta mankhwala a chifuwa. Ndinamanga m'chipinda chamkati cha nyumba yanga, zenera nditatchinga ndi thumba la feteleza. Masiku awiri ndikutukwana mawaya. Kenako ndinawanyamula achimwene, opepuka ngati mtolo wa udzu, n'kuwakhazika pampando. Ndinapukusa gudumu. Mivi inathamanga kupita kutsogolo.

Anayang'ana nthawi yaitali.

"Mbuzi iwe," anatero, mawu osasa. "Ukuthamangitsa masiku. Pinda lambayo apingasane."

Ndinapinda. Anatulutsa muvi uja m'thumba, n'kuti wa wotchi yatsopanoyo ndi wopepuka, ndichotse ndiike wawowo. Ndikulimbana nawo, anapempha phala.

Tsopano papita zaka ziwiri. Mkono wawo ulibe mphamvu, ndiye wopukusa ndine, madzulo alionse ndikachoka kumunda, phewa likuwawa kale ndi khasu. Iwo amakhala ndi kope, kulemba manambala amene sindiwamva. Tikamaliza amati, "Lero tayandikira. Madziwo ndiwo achepa mchere." Ine ndimangoti eya. Masiku ena ndimafuna kuponya gudumulo kunja, ndimatuluka, ndimazungulira nkhokwe kawiri, n'kubwerera.

Mkazi wanga amakhala pakhonde kusenda mtedza, kuti akaona mlendo akutulukira atsokomole, ife tisiye. Mvula ikachedwa sabata imodzi yokha sindikhala ndi mtendere. Koma mbale ya achimwene imabwerera yopanda kanthu, ndipo mawa ndipukusanso.