Tinaika Bambo, Fanuel Ali ku Mpikisano

Ndinadzidzimuka kusanache, mutu wanga uli pa ntchafu ya mayi wina wa kutchalitchi amene dzina lake sindinkalidziwa n'komwe. Nyimbo zinali zitafooka, amayi ambiri akuwodzera atatsamira khoma. Bokosi la bambo linali pakati pa chipinda chathu chochezera ku Mufakose, komboni ya anthu akuda m'dziko la Ashona, mipando yonse titaitulutsa panja. Pemphero langa loyamba tsiku limenelo linali lakuti mlongo wanga Fanuel asabwere kudzaika bambo ake.

Ndifotokoze, mungandiyese mfiti. Bambo anachokera ku Chipata ali mnyamata, n'kulowa ntchito yophika kwa mzungu wina wosungulumwa amene anawaphunzitsa tchesi posowa mnzake wosewera naye. Posakhalitsa mzunguyo anayamba kusowa mtendere m'nyumba yake yomwe, chifukwa wophika ankamugonjetsa tiyi asanazizire. Bambo anasiya mapoto, tchesi n'kukhala ntchito yawo. Ankasewera kuholo ya mowa, atafulatira bolodi, akungotchula pakamwa kumene kavalo kapena mfumukazi ipite, anthu akubetcha. Ife tinakulira pa zimenezo. Makalabu a tchesi a azungu m'tauni ankawalola kufika pakhomo la kukhitchini basi, ndipo boma la azungu litadzilengeza lokha ufulu, njira zopita kunja nazo zinatsekeka. Choncho maloto awo onse anawasenzetsa Fanuel, amene anadziwa kuyendetsa kavalo asanadziwe kumanga nsapato.

Fanuel anatisiya nkhondo itafika povuta, n'kuwolokera ku Mozambique ndi anzake kukalowa gulu la omenyera ufulu. M'masiku amenewo nkhani yotere inkawotchetsa nyumba, ndipo akapirikoni, aja ogulitsa anzawo kupolisi, tinkatunga nawo madzi pa mpopi umodzi. Ndiye bambo anauza anthu kuti mwana wawo wapita kwa amalume ake ku Lusaka kukakhala katswiri wa tchesi. Bodzalo analilera ngati mwana. Madzulo ankakhala pa bolodi okha kupeka masewera, Loweruka n'kukawaonetsa kuholo: umu ndi mmene Fanuel wagonjetsera dokotala wa ku Ndola, umu ndi mmene walepherana ndi mphunzitsi wa ku Dar es Salaam. Mufakose yense ankanyadira katswiri wake amene sanakhalepo.

M'mawa wa malirowo nditatuluka panja, kunali chisanu cha mu Juni chija cholowa m'mafupa, kumwamba kuli mbuu. Amayi a bungwe lathu la maliro anali atasonkha moto kuseri kwa nyumba, tiyi akuwira m'migolo yodula pakati, ena akuduladula kabichi pa chitseko chakale. Amuna anali atazungulira moto wawo kumaso, atakwinya makosi m'majasi. Pakati pawo panali awiri amene palibe ankawadziwa. Nsapato zawo zinali zopukutidwa bwino kuposa za munthu amene wachezera pamaliro. Ankalandira tiyi ndi manja awiri, mwaulemu ndithu, koma maso awo ankathamangira mnyamata aliyense wolowa pachipata.

Dzuwa silinatuluke tsiku limenelo. Kunayamba kamvula kowaza, ndipo anthu anadza ali chinyowere: a m'mafakitale atavala maovololo, ogwira ntchito m'nyumba za azungu atapempha theka la tsiku, aneba athu achishona akutigwira chanza n'kunena kuti nematambudziko, pepani wawo wa pamaliro. Maliro n'kulirana, ndipo anatilira zedi. Koma aliyense akatha kupepesa ankatsitsa mawu n'kufunsa ngati katswiri wathu wafika. Wina anafika pondikumbutsa mmene Fanuel anaperekera mfumukazi dala ku Ndola n'kupambanabe. Ndinkangogwedeza mutu. Ndinkamufuna mlongo wanga kuposa munthu wina aliyense padziko, ndipo chipata chikalira ndinkaopa kuti ndi iyeyo.

Titatha kuona nkhope, bokosi analikweza pa lole. Amayi athu otibala anakwera kutsogolo, ife kumbuyo titaunjikana, tikuimba mvula ikutilowa m'kamwa. Osewera anzawo a bambo anakhala pamodzi pakona, madoda a zipewa zothothoka, ali chete ngati kuti wina akuganiza poyenda. Panjira tinaimitsidwa ndi asilikali amene anasuzumira nkhope za anyamata n'kutilola. Amuna awiri aja ankatitsata pambuyo m'galimoto yotuwa, osafulumira.

Kumanda dothi linali lofiira, lomata kunsapato. Manda anali atakumbidwa kale ndi anyamata a kanselo, amene anaima patali pansi pa mitengo ya bulugama atatsamira mafosholo awo. Abusa atatha, mkulu wa bungwe anaitana mwa mwambo kuti mwana wamwamuna aponye dothi loyamba. Palibe anabwera kutsogolo. Anaitananso, ndipo anthu anayamba kucheukacheuka.

Amene anayankha anali mkulu wina wosoka nsapato wa ku Tete, mdani wa bambo pa bolodi, munthu amene anagonja kwa zaka zambiri osavomera ngakhale kamodzi kuti wagonja.

"Mwanayo ali pa mpikisano ku Nairobi," anatero mokweza. "Akanyamuka pa bolodi amuyesa wogonja. Malemuwa sakanalola zimenezo. Aponye mlongo wakeyu."

Anthu anang'ung'udza movomera, ndipo anandikankhira kutsogolo. Ndikuwerama kutapa dothi, cham'mbali mwa diso langa ndinaona mmodzi wa anyamata a mafosholo aja atapatuka pa anzake. Chipewa anachitsitsa mpaka pamphuno. Dzanja lake lamanzere linali pa nkhongo, zala zikukanda pang'onopang'ono, mmene Fanuel ankachitira akapanikizika pa bolodi. Nditadzutsa mutu ndinakumana maso ndi mmodzi wa a nsapato zopukutidwa aja, ataima kutsidya kwa dzenje. Sankayang'ana bokosi. Ankayang'ana kumene maso anga apite.

Sindinacheuke. Ndinaponya dothi, linagunda bokosi kuti gu, ndipo ndinayang'ana m'dzenjemo mpaka litadzaza. Khosi linkandipweteka ngati ndasenza mtolo wa nkhuni. Pamene tinkabwerera ku lole, pansi pa mitengo paja panali fosholo imodzi yozikidwa m'dothi, yopanda mwini.

Pobwerera, wosoka nsapato uja anadzipanikiza pafupi nane, akununkha fodya ndi zikopa.

"Masewera aja anali a bambo ako," anandinong'oneza. "Kavalo wawo ndingamudziwe ngakhale mumdima. Ndinadziwa kuyambira Loweruka loyamba. Usaope, mwanawe, a Loweruka likudzali ndipeka ndine. Koma Fanuelyo asamapambane kwambiri, ine si bambo ako."

Ndinaseka, n'kulira nthawi yomweyo, ndipo amayi oyandikana nane anandisisita pamsana poyesa kuti ndikulira malemu.

Anthu anasamba m'manja pachipata, anadya, n'kuyamba kubalalika kusanade, chifukwa masiku amenewo munthu sankafuna kupezeka mumsewu mdima utagwa. Amuna awiri aja anatsanzika pomalizira, anatipepesanso mwaulemu. Tinakolopa matope, tinabweza mipando m'nyumba, ndipo pamene panali bokosi panaoneka potakata modabwitsa. Azakhali anagona msanga kuchipinda. Kunja moto unali utazima, madzi akudontha kuchokera padenga.

Amayi anakhala pa mpando wa bambo osavula nsapato zamatope.

"Sanabwere?" anandifunsa.

"Sanabwere, amayi."

"Wachita bwino."

Anayamba kupinda ndi kupindula nsonga ya duku lawo. Kenako analankhula osandiyang'ana.

"Koma ine mwana wanga ndimamudziwa. Akanakhala moyo, akanamva. Akanamva, akanabwera, ngakhale pakhale asilikali dziko lonse."

Ndinatsegula pakamwa kuti ndiwauze za mnyamata wa fosholo. Koma ndinadziwa kuti andifunsa ngati ndinamuona nkhope, ndipo ine, mlongo wake, ndinali nditakana kumuyang'ana. Ndinagwada, n'kuyamba kuwavula nsapato.